Kufunafuna Kamtedza

Ntchito yanga yoyamba sindinaifune ndine, anandipezera ndi ababa. Nthawiyo n'kuti ndili ndi zaka makumi awiri ndi zinayi, ndili pa chikamwini ku Likoswe, mwana mmodzi ali kumbuyo kwa amake, Sitandade Sikisi yanga ikungochita dzimbiri. Ndinali nditapondaponda ku boma, ku masitolo a ku Limbe, mpaka ku Mikolongwe kukapempha yolemba ng'ombe, koma konseko yankho linali lakuti ubwere mawa. Apongozi anali atayamba kundiyang'ana ngati nkhuku yosaikira.

Lamulungu lina titatuluka m'tchalitchi ku Mbombwe, ababa anandigwira pamkono. Ababa anali a Davide, dikoni wa mpingo, munthu wosalankhulalankhula, ndipo ndi iwo ankayendetsa chikho pa mgonero. Ananditengera kwa bambo wina wa imvi, wovala jekete ya khaki, amene anaima pansi pa mtengo wa mango.

"Aphunzitsi, mwana wanga uja ndi uyu, Eliya. Dzanja lake ndi labwino, ndipo samwa."

Bamboyo anali a Sambani, mphunzitsi wopuma ntchito, wochokera kutali ndi kwathu. Anabwera kudzalemba mbiri ya nkhondo ija ya zaka makumi anayi zapitazo, pamene anthu a kuno anaukira azungu a m'maesiteti, tchalitchi choyamba chija n'kugwetsedwa, amuna n'kumasakidwa m'mapiri. Anandiuza kuti boma linalemba kale mbali yake, koma anthu athu akufa mmodzimmodzi ndi nkhani zawo m'mimba. Maso awo anali atayamba kuchita mdima, ndiye ankafuna munthu wolemba.

Ofesi yathu inali chipinda chimodzi cha nyumba ya njerwa zosaotcha. Munali tebulo, taipi yakale yomwe chilembo cha "a" chinali chitaperepeseka ndi Chinyanja chathuchi, riboni yoti tinkaidontheza mafuta a makina osokera kuti ikhalitse, mapepala a kaboni, ndi bokosi lachitsulo lokhala ndi loko. Kumudzi tinkapita pa njinga ndi kope lachikuto cholimba komanso pensulo ya kopi, ija yoti ukainyambita imasanduka inki yosafufutika. Lilime langa linkakhala lofiirira sabata yonse, mkazi wanga n'kumaseka kuti ndadya nthudza.

Malamulo a Aphunzitsi anali ochepa koma ouma ngati mwala. Asanandipatse kope, ankayamba alemba manambala pa tsamba lililonse ndi inki yofiira. Kufufuta kunalibe; ukalakwitsa unkangodula mzere umodzi kuti cholakwacho chizionekabe. Munthu akatha kulankhula, unkamuwerengera zonse, iye n'kuvomera, kenako n'kudinda chala. Pobwerera ku ofesi ndinkataipa mapepala atatu nthawi imodzi, makaboni awiri pakati, kuti limodzi likapsa kapena kulandidwa, ena atsale. Ndipo lamulo lalikulu linali ili: munthu akatchulidwa kuti anachita choipa, tizimufunafuna mpaka timupeze, anene mbali yake, ndipo yankho lakelo tikaliwerengere amene anamutchula uja.

"Kandimverere adakanena za m'maluwa," ankatero. "Pita wekha, ukamve wekha, ulembe zomwe wanena munthuyo, osati zomwe iwe ukanakonda kuti anene."

Sinali ntchito yophweka. Anali masiku a Chitaganya, anthu ali ndi mantha, ndipo aliyense wonyamula kope ankaoneka ngati kazitape wa boma. Ena ankatiyalira mphasa, kutipatsa nzimbe, n'kutiuza kuti nthawi ya nkhondoyo anali kwa amalume awo ku Mulanje. Mudzi wathunthu, aliyense anali kwa amalume ake ku Mulanje! Koma pang'onopang'ono zitseko zinayamba kutseguka, makamaka akamva kuti ndine mwana wa a dikoni. Ine ndinkanyada nazo zimenezo, ndipo ndinkazinena ndekha asanandifunse.

Mwezi wachinayi wa ntchitoyo tinapita kwa anganga Rute, kumunsi kwa phiri. Ndinkawadziwa kuyambira ndili mwana. Ankakhala benchi yachitatu mbali ya azimayi, ndipo analibe mwamuna. Amuna awo, a Simoni, anasowa pa nkhondo ija atangokhala m'banja chaka chimodzi. Ena ankati anatengedwa kundende ku Zomba, ena ankati anawaona kutsidya kwa malire. Poti mtembo sunaoneke, maliro sanalirike, ndipo abale a mwamuna sanawamete tsitsi kapena kuwasudzula kuti akwatiwenso. Anakhala choncho, osakhala wamasiye, osakhala wapabanja.

Tinawapeza akusenda nandolo pakhonde. Aphunzitsi atafotokoza chomwe tabwerera, anganga sanayang'ane iwo, anayang'ana ine.

"Wolemba ndi ameneyu?"

"Eya, anganga, ndine Eliya, mwana wa a dikoni a Davide."

"Ndikukudziwa. Nyambita pensulo yakoyo."

Anafotokoza kuti nkhondo itawavuta, a Simoni ndi anzawo awiri anakabisala kuphanga kuphiri. Azimayi ankaphika chinangwa n'kumapatsira mnyamata wina wosavinidwa kuti azikapereka, poti ana sankakaikiridwa. Tsiku lina anganga atabisala m'chimanga, anaona asikali asanu akukwera njira ya kuphanga, ndipo patsogolo pawo panali mnyamata yemweyo, dengu lili kumutu, akuloza ndi dzanja.

"Dzina lake?" anafunsa Aphunzitsi.

"Kamtedza."

Ananena akundiyang'ana m'maso, osaphethira. Ine ndinalemba bwinobwino pa tsamba 48, ndipo magazi anandiwira. Panjira ndinauza Aphunzitsi kuti munthu ameneyo ngati ali moyo, ndimupeza ndine, galu wachabechabe wogulitsa anzake. Aphunzitsi anangoti, "Mpeze kaye, kutukwana pambuyo." Tsiku lomwelo ndinataipa dzinalo, likuoneka katatu, pamwamba ndi pa makaboni onse.

Tsono muyenera kudziwa mwambo wa kwathu. Mnyamata akapita ku thezo kukavinidwa, amatulukako ndi dzina latsopano, ndipo la paubwana lija limafera komweko. Kumutchula nalo munthu wamkulu ndi chipongwe chachikulu, mlandu wa nkhuku kapena mbuzi. Akabatizidwa amalandiranso lina. Ndiye Kamtedzayo anali atakwiririka pansi pa maina awiri, ndipo ntchito yanga inali yomufukula.

Sabata yathunthu ndinapalasa njinga. Ndinafunsa nkhalamba ina yosema mipini, inangoika sompho pansi, n'kundifunsa ngati ababa ali bwino. Ndinafunsa mayi wina wogulitsa fodya pamsika, anagwira pakamwa, n'kunena kuti, "Iwe mwana iwe, wakutuma ndani?" Wina anaseka mpaka kutsokomola, kenako anasiya mwadzidzidzi n'kulowa m'nyumba. Ine, chitsiru cha Sitandade Sikisi, ndinkangoti anthuwa akuopa boma. Ndinkabwerera ku ofesi n'kumadzitama kuti Kamtedzayu ayenera kuti ndi munthu wamkulu kwambiri, poti aliyense akumuopa.

Lachisanu m'mawa ndinaganiza zokafunsa ababa. Iwo anakulira cha kuphiri komweko asanabwere kudzakwatira kwa amayi, ndipo za ubwana wawo sankazikamba. Ndinawapeza pabwalo akuluka nkhokwe, amayi akupeta mphale pafupi. Ndinawalonjera, ndinakhala pa mtondo wogona, n'kuyamba mokondwa ngati munthu wobwera ndi mphatso.

"Ababa, inu munakulira kuphiri. Kodi munkamudziwa mnyamata wina dzina lake Kamtedza?"

Lichero linagwa m'manja mwa amayi. Mphale inamwazika, nkhuku zinathamangira, ndipo palibe anazipirikitsa.

"Eliya!" amayi anakuwa. "Wapenga? Tseka pakamwa pakopo!"

Ababa sanakuwe. Anamaliza kupinda nsungwi imene inali m'manja mwawo, anailowetsa pamalo pake, kenako anatembenuka. Nkhope yawo inali itachita phulusa.

"Wakuuza dzina limenelo ndani?"

"Anganga Rute. Akuti ndi amene analondolera asikali kuphanga."

"Sananame. Kamtedza ndine."

Abale, sindidziwa ngati munaonapo dziko likutembenuka dzuwa likuswa mtengo. Makutu anga analira. Ndinayang'ana manja aja, manja omwe ankanyamula chikho Lamulungu, n'kumawaona akuloza njira ya kuphanga. Ndinakumbukira wosema mipini uja, mayi wa fodya uja, onse aja ndinawafunsa. Boma lonse la Chiradzulu linali kudziwa, kupatula ine, mwana wake, amene ndinkayenda mudzi ndi mudzi kutchula bambo wanga dzina la paubwana ngati ndikuitana mbuzi yosochera. Manyazi, mkwiyo, mantha, zonse zinandigwera nthawi imodzi. Sindinatsanzike, ndinangokwera njinga.

Panjira mutu unayamba kugwira ntchito, koma ntchito yake yoipa. Ndinaganiza kuti bukuli likadzatuluka, ababa adzachotsedwa udikoni, amayi sadzaponda kuchitsime, ndipo mwana wanga adzakula akutchedwa mdzukulu wa wogulitsa anthu. Zonsezo chifukwa cha tsamba limodzi lolembedwa ndi dzanja langa. Nditafika ku ofesi ndinapeza Aphunzitsi apita kudimba. Kiyi wa bokosi ndinkadziwa pomwe ankakhala. Ndinatsegula, ndinang'amba tsamba 48 m'kope muja, ndinasolola mapepala atatu otaipa aja, ndinazipinda zonse n'kuziika m'thumba la malaya. Machesi ndinali nawo, koma ndinathyola timitengo titatu osayatsa ngakhale kamodzi. Ndili mkati molimbana ndi kachinayi, ndinamva Aphunzitsi akupukuta mapazi pakhomo.

Analowa, anasamba m'manja, n'kutenga kope monga ankachitira masana aliwonse. Maso awo anali ofooka, koma manambala ofiira aja ankawaona. Anatsegula, ananyambita chala, anatembenuza, anabwereranso.

"Eliya, 47 ndi uyu. 49 ndi uyu. Nanga mnzawo wapakati wapita kuti?"

Ndinati mwina chiswe.

"Chiswe chodya tsamba limodzi, m'mbali mowongoka chonchi? Chiswe chophunzira." Anavula magalasi. "Wamupeza Kamtedza, eti?"

Ndinangotulutsa mapepala aja m'thumba n'kuwaponya patebulo, misozi ikugwa ngati mwana. Ndinawauza kuti ndi ababa. Aphunzitsi anakhala pansi mwadzidzidzi. Iwonso sankadziwa.

"A dikoni? Amene anakubweretsa kuno aja?" Anapukusa mutu. Kenako mawu awo anauma. "Ndikumvera chisoni, mwana wanga, koma tsambali si lako. Si langanso. Ndi la mayi uja anadinda chala chakeyo. Ukaliotcha, ndiye kuti wamubera."

Ndinawayankha mwamwano, sindibisa. Ndinati n'zosavuta kulemba mbiri ya makolo a anthu ena. Ndinati ntchito yawoyo aigwire okha. Ndinali nditaima kale kuti ndizipita pamene tinamva "odi" panja.

Anali ababa. Anayenda wapansi ulendo wonsewo, atavala jekete yawo yakuda ya ku mgonero, Lachisanu, dzuwa lili pamutu. Analowa, anavula chipewa, anakhala pampando wa mboni.

"Aphunzitsi, ndamva kuti lamulo lanu ndi lakuti wotchulidwa anene mbali yake. Ndabwera."

Aphunzitsi anati alemba okha, ine ndituluke. Ababa anakana.

"Ayi. Alembe yemweyu. Eliya, khala pansi."

Ndinakhala, ndinanyambita pensulo, ndipo kwa nthawi yoyamba inandiwawa m'kamwa. Ababa analankhula pang'onopang'ono, akudikira kuti ndimalize mzere uliwonse. Anati asikali anawagwira pamtsinje ndi dengu la chinangwa. Anawakwapula, iwo osaulula. Kenako anawatengera kwawo, anatsekera amayi awo m'nyumba, anamanga chitseko ndi luzi, ndipo msikali mmodzi anagwira chikuni chamoto pafupi ndi udzu wa denga. Anawauza kuti asankhe. Iwo anasankha amayi awo.

Kuphanga kuja, awiri anathawa. A Simoni anagwidwa, anamangidwa manja kumbuyo. Potsika, atafika pa mkuyu wa m'mbali mwa mtsinje, a Simoni anakana kupitirira, ndipo asikali anawaombera pomwepo. Tsiku lotsatira ababa ndi amayi awo anapita mobisa ndi makasu kukawakwirira pansi pa mkuyuwo.

Apa ababa anaima. Ndinayesa kuti atha. Koma anapitiriza.

"Asanawaombere, a Simoni anandiyang'ana, n'kunena kuti, 'Iwe Kamtedza, ukamuuze Rute apalire munda wa kumtsinje, udzu wakula. Ndipo asandidikire.'"

Pensulo inaima yokha.

"Munakawauza?" Ndinafunsa ndine, kuiwala kuti wolemba safunsa.

"Ndikanawauza bwanji osaulula kuti ndinalipo? Ndinati ndidzanena mawa. Kenako ndinapita ku thezo, ndinatuluka ndi dzina lina, ndinati Kamtedza wafa ndi zake. Ndinabatizidwa, ndinati madzi atsuka. Koma mwezi ndi mwezi ndimawapatsa chikho mayi amene uja, iwo n'kundiyang'ana, uthenga wawo uli m'kamwa mwanga."

Ndinaponya pensulo patebulo. "Zaka makumi anayi, ababa! Munthu osametedwa, osasudzulidwa, kukalamba yekha, inu mukudziwa pomwe pali manda!"

"Lemba zimenezonso ngati ukufuna," anatero. "Ukuyesa ndinakubweretsa kwa Aphunzitsi osadziwa chimene akufufuza? Pakamwa panga panakanika. Ndinati mwina dzanja lako lidzatha."

Ndinawawerengera zonse monga mwa lamulo. Anavomera. Anapempha kuti pamwamba ndilembe maina onse, Kamtedza ndi Davide, kuti wina asadzavutikenso kupalasa njinga. Kenako anadinda chala.

Lamulo linali lisanathe. Yankho linayenera kukawerengedwa kwa amene anatchula. Ine ndinapempha kuti tidikire Lolemba, koma ababa anati mawa ndi amene anawapusitsa zaka zonsezi. Tinanyamuka atatu, njinga tikukankha.

Anganga Rute tinawapeza akuanika makaka a chinangwa pathandala. Ataona ababa ndi jekete yakuda sanadabwe. Anayala mphasa, anakhala, anapinda miyendo. Ababa anakana mphasa, anakhala padothi. Ine ndinatsegula kope n'kuyamba kuwerenga. Za dengu anagwedeza mutu. Za chikuni chamoto anati, "Zimenezo ndinamva kalekale, n'chifukwa chake sindinapite nazo kubwalo." Koma nditafika pa mkuyu, dzanja lawo linagwira mphasa. Ndinawerenga uthenga uja mothamanga, kufuna kuti ndithane nawo.

"Bwereza," anatero. "Usathamange."

Ndinabwereza. Apalire munda wa kumtsinje, udzu wakula. Ndipo asandidikire.

Anganga anatembenukira kwa ababa.

"Kamtedza."

Mkazi kutchula dikoni wa imvi dzina la paubwana, mwana wake ali pomwepo! Ababa anayankha ngati kamnyamata.

"Wawa."

"Anakutuma liti?"

"Kalekale, amayi."

"Ndiye wafika lero?"

Ababa anagwetsa nkhope m'dothi. Anganga sanawatukwane. Ine ndikanakonda akanawatukwana, kapena kuwamenya ndi mtengo, chifukwa zomwe ananena zinali zowawa kuposa pamenepo.

"Mundawo ndinapalira. Chaka chilichonse ndapalira. Mkuyu umenewo ndimapumulapo ndikatopa, ndimadyerapo chinangwa changa. Kani ndakhala ndikukhalira amuna anga pamutu?"

Anaimirira, anamasula mpango kumutu, anayenda mpaka pakati pa bwalo. Kenako analira. Sikunali kulira kwa misozi chabe, kunali kulira kwa maliro kwenikweni, kuja kumadzutsa mudzi. Anthu anatuluka m'nyumba, ena anabwera akuthamanga kuchokera kumadimba, makasu ali m'manja, akufunsa kuti wamwalira ndani, poti kunalibe wodwala.

"Amuna anga!" anganga ankayankha. "Amuna anga a Simoni amwalira!"

Ine ndinangoima ndi kope m'manja. M'thumba la malaya munali mukadali machesi aja.

Sabata yotsatira abale a a Simoni amene anatsala anabwera. Ababa anawatsogolera ku mkuyu, anaikapo miyala, anaimba nyimbo, ndipo anganga Rute anametedwa tsitsi lawo loyera lija n'kusudzulidwa. Ababa anatula udikoni okha pamaso pa mpingo wonse. Zimene ndinkaopa zinachitikadi: amayi anatha miyezi akutunga madzi nthawi yoti kuchitsime kulibe anthu, ndipo apongozi anga anapeza nkhani yokamba. Ine ndi ababa tinatha pafupifupi chaka tikungolonjerana. Sindinena kuti zinatha bwino, chifukwa sizinathe bwino.

Tsamba 48 Aphunzitsi anandiuza kuti ndilimate ndekha ndi phala la chinangwa, ndipo pambali pake ndilembe kuti linang'ambidwa ndi wolemba, Eliya, mwana wa wotchulidwayo. Ndinapempha kuti mawu amenewo tiwasiye. Anandiyang'ana pamwamba pa magalasi n'kundifunsa ngati ndayambanso.

Ndinagwira nawo ntchito zaka zinanso zitatu mpaka maso awo anatsekeka, ndipo pambuyo pake ndakhala ndikulemba mbiri za anthu moyo wanga wonse. Achinyamata amene ndawaphunzitsa amadandaula kuti ndine wovuta, chifukwa sindiwapatsa kope ndisanalembe manambala ofiira pa tsamba lililonse. Amati ndimawakaikira. Ndimawauza kuti inde, ndipo woyamba kumukaikira ndi ine ndemwe, poti mlandu suola koma wolemba ndi amene amaola.

Anganga Rute anamwalira mvula yotsatira, tsitsi lawo lisanamere n'komwe bwinobwino, ndipo anawaika pafupi ndi mkuyu uja monga anapemphera. Machesi anga aja akanayaka, akanapita akudikirabe.